Agnès Varda, mbatatesi zooneka ngati mtima, ndi mwambi wa amalume anu

Imelo imene ndikuyankha lero yachokera kwa mchemwali wina amene wakhala akujambula zithunzi pa maukwati ndi pa zinkhoswe kwa zaka zinayi. Anapempha kuti dzina ndisatchule, ndiye ndizingoti achemwali. Akuti anaonera filimu ya ku France yotchedwa Visages Villages, momwe gogo wina wamfupi, wa tsitsi loyera pamwamba ndi lofiirira m'munsi, lometedwa ngati anachita kuvundikira mbale pamutu, akuzungulira m'midzi ndi mnyamata wamagalasi akuda n'kumamata zithunzi zikuluzikulu za anthu pa makoma. Funso lawo ndi ili: "Agogo amenewa ndi ndani kwenikweni? Pena ndikuwerenga kuti anali ojambula zithunzi, pena opanga mafilimu, pena kuti ntchito zawo zimayalidwa m'nyumba za zionetsero. Anakwanitsa bwanji zonsezi? Inenso ndimafuna kupanga kanema, ndimajambulanso pamanja, koma amalume anga amangoti mapanga awiri avumbwitsa, ndigwire chimodzi. Ndipo ngati ndikufuna kuonera zina za agogowa, ndiyambire pati?"

Achemwali, agogo mukuwanenawo ndi Agnès Varda. Mundikhululukire, ine ndizilemba kuti "iye", chifukwa mbali yaikulu ya nkhani yake ndi ya mtsikana wa msinkhu wanu, ndipo dzina la ugogolo linamumatirira msanga mopanda chilungamo. Anthu anayamba kumutcha gogo wa Nouvelle Vague, gulu lija la achinyamata amene anasintha kapangidwe ka mafilimu ku France cha m'ma 1960, pamene iye anali wamkulu kwa Jean-Luc Godard ndi zaka ziwiri zokha, kwa François Truffaut zaka zinayi. Mlandu wake unali woti anayamba iwo asanayambe.

Anabadwa pa 30 May 1928 ku Ixelles, mumzinda wa Brussels ku Belgium. Bambo ake anali ochokera ku mtundu wa Agiriki, mayi ake Mfalansa. Dzina lobadwa nalo linali Arlette, la Agnès anadzipatsa yekha atakula. Nkhondo itafika ku Belgium mu 1940, banja lonse linathawira ku Sète, tauni ya doko kum'mwera kwa France, ndipo kumeneko anakhala m'boti lomangiriridwa pa doko. Tauni imeneyi muikumbukire, ibweranso. Atapita ku Paris anaphunzira mbiri ya zaluso ku École du Louvre, kenako anaphunzira kujambula zithunzi, chifukwa ankafuna ntchito ya manja yoti adyerepo. Kuyambira 1948 ankajambula zithunzi za zisudzo pa chikondwerero cha ku Avignon, kwa mkulu wa zisudzo Jean Vilar, yemwenso anali wa ku Sète, ndipo Vilar atapatsidwa utsogoleri wa gulu la zisudzo la Théâtre National Populaire mu 1951, Varda anakhala wojambula wa gululo kwa zaka pafupifupi khumi. Pambali pa zisudzo ankajambula mabanja ndi ana kuti apeze ya lendi ndi ya chakudya. Mukuonatu kuti ntchito yanu ya pa maukwati si yachilendo m'nkhani ino. Chaka chomwecho cha 1951 anapeza nyumba yowonongeka pa msewu wa rue Daguerre ku Paris, ndipo anakhala momwemo mpaka imfa yake.

Filimu yoyamba anaipanga mu 1954, ali ndi zaka 26, ndipo apa ndi pamene anthu ambiri amaimva nkhaniyi molakwika. Sanali mtsikana wokula akuonera mafilimu usana ndi usiku ngati anyamata a Nouvelle Vague aja, amene sankachoka ku Cinémathèque, nyumba yosungira ndi kuonetsa mafilimu akale ku Paris. Mwiniwake ankanena kuti anali ataonerapo mafilimu owerengeka chabe. Chimene anali nacho ndi diso lozolowera kuika munthu bwino mkati mwa chithunzi, ndi kusakhutira kwakuti chithunzi sichiyankhula ndipo nthawi siyenda mkati mwake. Anabwerera ku Sète, ku kadera ka asodzi kotchedwa La Pointe Courte, n'kupanga filimu ya dzina lomwelo. Muli nkhani ziwiri zoyenda mosinthana: mwamuna ndi mkazi ochokera ku Paris amene akukambirana ngati banja lawo lipitirire, ndi moyo wa asodziwo, amene akulimbana ndi akuluakulu a zaumoyo owaletsa kugwira nkhono m'madzi ena. Asodziwo anali asodzi enieni. Awiri aja anali a zisudzo, Philippe Noiret ndi Silvia Monfort. Ndalama zinachokera ku kachuma kochepa ka masiye ndi ngongole za abwenzi, ndipo ogwira ntchito anagwirizana kuti adzagawana phindu likadzapezeka. Kuti zitheke anatsegula kakampani kake, kamene pambuyo pake kanadzatchedwa Ciné-Tamaris. Wodula ndi kulumikiza filimuyo, kumene inu mumati kuedita, anali Alain Resnais. Iyeyu ankati akaona mbali ina n'kunena kuti yafanana ndi ntchito ya Luchino Visconti wa ku Italy, Varda n'kukhala asakumudziwa Viscontiyo.

Ndinene zoona, La Pointe Courte ndinaiwonera koyamba ndikusinza. Ndi filimu ya wojambula zithunzi. Nkhope ziwiri zaikidwa mosamala, ina moyang'ana kutsogolo ina cham'mbali, maukonde apachikidwa bwino, mphaka wagona pamalo oyenera, koma anthu awiri aja akuyankhula ngati akuwerenga. Mungathe kuimitsa paliponse n'kutsukitsa chithunzi chopachika pakhoma. Luso lakale linalowa nawo m'ntchito yatsopano, ndipo linathandiza mbali ina n'kulemetsa mbali ina. Mudzakumana nazo inunso: munthu wozolowera kunena kuti "imani pamenepo, musagwedezeke" amavutika kulola anthu kuti ayende.

Filimuyo sinabweretse ndalama, ndipo panapita zaka zisanu ndi ziwiri asanapangenso ina yaitali. M'zaka zimenezo anapitiriza kujambula zithunzi, mu 1957 anapita ku China ndi kamera, ndipo analandira maoda a timafilimu tatifupi tokopa alendo, kena ka nyumba zachifumu za m'chigwa cha Loire, kena ka gombe la Côte d'Azur. Ntchito ya oda, monga ukwati wa Loweruka, koma ankalowetsamo nthabwala zake ndi diso lake. Kenako kunabwera Cléo de 5 à 7 mu 1962, imene mpaka lero ambiri amaitenga ngati filimu yake yaikulu. Woimba wachitsikana akudikira zotsatira za kuchipatala, akuopa khansa, ndipo tikuyenda naye m'misewu ya Paris kuyambira 5 koloko madzulo mpaka hafu pasiti sikisi, mphindi ya m'filimu ikufanana ndi mphindi ya pa wotchi yathu. Theka loyamba aliyense akumuyang'ana iye, nayenso akungodziyang'ana pa kalilole. Pakati penipeni avula wigi, avala diresi lakuda, atuluka yekha, n'kuyamba kuyang'ana anthu ena. Munthu amene anasowa nthawi m'chithunzi choima uja anadzapanga filimu imene mwini nkhani weniweni ndi nthawi. Ndipo kusankha Paris ndi tsiku limodzi kunabweranso chifukwa chakuti ndalama zinali zochepa.

Zaka zotsatira ndidutsamo mothamanga. Anakwatirana ndi Jacques Demy, nayenso wopanga mafilimu, mu 1962. Varda anapita ku Cuba, n'kubwerako ndi mulu wa zithunzi, ndipo zoposa 1,000 anazilumikiza motsatizana ndi nyimbo mpaka anthu oima a m'zithunzi anayamba kuvina: imeneyo ndi Salut les Cubains ya 1963. Le Bonheur ya 1965 inalandira mphoto ku Berlin n'kuyambanitsa anthu. Les Créatures ya 1966, ngakhale munali akatswiri a zisudzo otchuka Catherine Deneuve ndi Michel Piccoli, inagwa chagada, anthu sanapite kukaonera. Imeneyinso muisunge. Ku California anajambula a Black Panthers, gulu lomenyera ufulu wa anthu akuda, mu 1968 ku Oakland, pa nthawi ya mlandu wa mtsogoleri wawo Huey Newton.

Imene ndikufuna muione pafupi ndi Daguerréotypes, ya 1975. Varda anali ndi mwana wamng'ono, Mathieu, wobadwa mu 1972, ndipo sankafuna kutalikira pakhomo. A wailesi ya kanema ya ku Germany anamupatsa mwayi wopanga chilichonse chimene angafune. Iye anatenga nthambo yamagetsi yotalika pafupifupi mamita 90, anailumikiza m'nyumba mwake, n'kunena kuti pamene nthamboyo yathera, filimunso yathera pomwepo. Magetsi owunikira ankachokera pa mita yake. Ndiye filimu yonse ili m'timashopu ta rue Daguerre: wophika buledi ndi mkazi wake, wa butchala, telala, wometa tsitsi, wophunzitsa kuyendetsa galimoto. Amawafunsa mafunso ophweka, munachokera kuti, munakumana bwanji ndi akunyumba kwanu, mumalota chiyani usiku. Muli kashopu kena ka mafuta onunkhira ndi mabatani, ka nkhalamba ziwiri. Mwamuna amatumikira makasitomala modekha, mkazi amangoima chete, maganizo ake anayamba kuthawa, ndipo kukamada amayenda kupita pakhomo ngati akufuna kupita kwinakwake, n'kuima, n'kubwerera. Kamera imangomudikira. Palibe amene akufotokoza matenda ake. Kudikira kotere ndi kwa wojambula zithunzi, koma chithunzi chimodzi sichikanatha kuonetsa kupita ndi kubwerera kuja.

Ina ndi yaifupi, Ulysse, ya 1982. Mu 1954 Varda anajambula chithunzi pa gombe lamiyala: mwamuna wamaliseche waima chotifulatira akuyang'ana nyanja, kamnyamata kakhala pansi, ndipo chapafupi pali mbuzi yakufa. Patapita zaka 28 anatenga chithunzicho n'kupita kukafunafuna anthuwo. Mwamuna uja sakukumbuka zambiri za tsikulo. Kamnyamata kaja, dzina lake Ulysse, tsopano ndi bambo wa ana, ndipo akuti sakukumbuka chilichonse. Mayi ake ndi amene akukumbuka, koma chimene akukumbuka ndi matenda amene mwanayo anali nawo nthawi imeneyo. Varda afufuzanso nkhani zimene zinali m'manyuzi tsiku limenelo, afunsa ana chimene akuona, mpaka aonetsa chithunzicho kwa mbuzi yamoyo, mbuziyo n'kuyamba kuchidya. Filimuyi inalandira César, mphoto yaikulu ya mafilimu ku France. Ine ndimaiona ngati malo amene wojambula zithunzi ndi wopanga mafilimu anakhala pansi n'kufunsana mafunso, ndipo palibe anapambana.

Mu 1985 kunabwera Sans toit ni loi, kutanthauza wopanda denga wopanda lamulo. Imayamba ndi mtembo wa mtsikana woyendayenda, Mona, wopezeka m'ngalande m'nyengo yozizira, kenako anthu amene anakumana naye m'masabata ake omaliza akunena zimene anaona, aliyense monga mwa mtima wake. Sandrine Bonnaire ndi amene anasewera Mona. Filimuyi inatenga mphoto yaikulu ya ku Venice, ija ya Mkango wa Golide, ndipo ndi imodzi mwa zochepa zimene zinamubweretsera ndalama zooneka. Kenako Demy anadwala. Varda anapanga Jacquot de Nantes, nkhani ya ubwana wa mwamuna wakeyo, ndipo pakati pa nkhaniyo anaikamo zithunzi za Demy weniweni, kamera ili pafupi kwambiri moti mukuona khungu, tsitsi la imvi, diso. Demy anamwalira pa 27 October 1990, patangopita masiku ochepa atamaliza kujambula. Kuti anafa ndi Edzi, Varda anadzanena poyera mu 2008.

Pofika 1995 filimu yake yokondwerera zaka 100 za sinema inagwanso, ndipo munthu akanatha kunena kuti mayiyu watha. Anali ndi zaka pafupifupi 70. Chimene chinamudzutsa ndi kakamera kakang'ono ka dijito kogwira ndi dzanja limodzi. Mu 2000 anatulutsa Les Glaneurs et la glaneuse, ndipo mutu umenewu Chichewa chimaumasulira bwino kuposa Chingerezi, chifukwa mawu tili nawo: okunkha ndi mayi wokunkha. Kukunkha komwe kuja kwa m'munda wa mtedza eni ake atakolola, komwe kuja kwa Rute m'munda wa Boazi. Anayambira pa chithunzi chopenta cha Jean-François Millet cha 1857, cha amayi atatu owerama akutola ngala za tirigu, chimene chili ku nyumba ya zionetsero ya Musée d'Orsay ku Paris, n'kufunsa kuti kodi amawerama ndani masiku ano m'dziko lokhuta ngati France. Anawapeza. Ena amatola mphesa ndi maapozi otsala, ena zotsala pamsika ogulitsa akapakira, ena mafiriji ndi mipando yotayidwa m'misewu. Anaimika loya atavala mkanjo wake wakuda pakati pa munda wa kabichi, buku la malamulo lili m'manja, akufotokoza kuti lamulo la mu 1554 limalola kukunkha kuyambira kutuluka mpaka kulowa kwa dzuwa zokolola zikachotsedwa. Anatsatira bambo wina amene amadya masamba otola pamsika pomwepo, n'kupeza kuti ndi munthu wophunzira mpaka ku yunivesite, ndipo usiku amaphunzitsa mwaulere anthu obwera, ambiri a ku West Africa, kuwerenga ndi kulemba Chifalansa.

Ndiye pali mbatatesi. Ku dera la Beauce, mbatatesi zimene zakula kupitirira muyeso wa masitolo, kapena zachepa, kapena zapindika, amazithira m'thirakitala n'kukazitaya kumunda, milu ndi milu. Bambo wina wotola anamuonetsa imodzi yooneka ngati mtima. Varda anaipempha, anafunafuna zina zotero, dzanja limodzi likutola lina likujambula, n'kupita nazo kunyumba. Sanaziphike. Anazisiya pa shelefu n'kumaziyang'ana zikukwinyika, zikuuma, kenako zikutulutsa mphukira. M'filimu yomweyo amatembenuza kakamerako n'kujambula dzanja lake lomwe, lamakwinya ndi madontho a ukalamba, ndiponso chipeso chikudutsa m'tsitsi loyamba kuchepa. Ndi kamera yaikulu ya anthu asanu, sakanatha kuyandikira munthu wotola zinyalala popanda kumuchititsa manyazi, ndipo sakanatha kujambula dzanja lake ali yekha m'chipinda.

Mbatatesi zimenezi ndi zimene zinatsegula khomo lachitatu. Mu 2003 wokonza zionetsero Hans Ulrich Obrist anamuitana ku chionetsero chachikulu cha zaluso cha ku Venice. Varda, ali ndi zaka 75, anayala pansi makilogalamu 700 a mbatatesi zenizeni, kumbuyo kwake masikirini atatu akuonetsa mbatatesi zokalamba zija zikuphukira ngati zikupuma. Anaitcha Patatutopia. Poona kuti m'dziko la zionetsero ndi mlendo ndipo anthu angamudutse, anasoketsa chovala chooneka ngati mbatatesi, anachivala, n'kumayendayenda kuitanira anthu. Ankakonda kunena kuti ndi wopanga mafilimu wokalamba koma waluso wachitsikana.

Funso loyenera kufunsa apa, achemwali, ndi lakuti chipinda chinamupatsa chiyani chimene sinema sinkamupatsa. Yankho lili mu Les Veuves de Noirmoutier, amayi amasiye a pa chilumba cha Noirmoutier, kumene iye ndi Demy anali ndi nyumba. Pakati pa khoma pali sikirini yaikulu, amayi ovala zakuda akuzungulira tebulo pa mchenga wa m'mbali mwa nyanja. Mozungulira sikiriniyo pali masikirini ang'onoang'ono 14, iliyonse mayi mmodzi. Kutsogolo kuli mipando 14, uliwonse uli ndi mahedifoni ake. Mukakhala pampando umodzi mumamva mayi mmodzi yekha akusimba za mwamuna wake, za mbali ya bedi imene mpaka pano sagonako, za nyumba imene yakula mwadzidzidzi. Woyandikana nanu akumva wina. Mumaona nkhope zonse koma khutu lanu lili kwa mmodzi, ndipo kuti mumve wina muyenera kunyamuka n'kusinthana mpando ndi munthu wosamudziwa. Mmodzi mwa amayi 14 aja ndi Varda mwini. Mu holo ya kanema anthu onse amamva chinthu chimodzi nthawi imodzi, ndiye zimenezi sizikanatheka. Aliyense amene anakhalapo m'nyumba ya siwa, momwe muli anthu ambiri koma mawu enieni amanong'onezedwa kwa mmodzi, adzamvetsa chimene anafuna.

Ndipo filimu ija inagwa mu 1966? Pa chionetsero chake cha ku Fondation Cartier ku Paris mu 2006, anatenga matepi a Les Créatures, aja aatali okhala ndi tizithunzi ting'onoting'ono totsatizana, amene ankangodya malo m'nkhokwe, n'kumangira chisakasa. Makoma ndi denga zonse ndi tepi ya filimu, kuwala kukudutsamo, ndipo mukayandikira mumaona timitu ta Deneuve ndi Piccoli kambirimbiri. Poyamba anachitcha chisakasa cha kulephera. Anakunkha m'munda mwake momwe. Sindinganene kuti zonse zimene anayala m'zipinda zinali zolemera chomwechi. Zina, monga manda a mphaka wake Zgougou okongoletsedwa ndi zigoba za nkhono ndi maluwa, ndi zoseweretsa za munthu amene wapeza ufulu wosewera, ndipo dzina lake likanakhala losadziwika sindikhulupirira kuti zikanapatsidwa chipinda. Koma za amasiye zija ndimaziika pamodzi ndi mafilimu ake abwino kwambiri.

Tsopano kwa amalume anu. Musawapeputse, mwambi wawo uli ndi mano. Tawerengani zaka: anagwira kamera ya zithunzi zaka zisanu ndi chimodzi asanayese filimu, ndipo sanasiye ntchito ya zithunzi imene inkamudyetsa mpaka cha m'ma 1960. Kuchokera pa filimu yoyamba kufika pa mbatatesi za ku Venice panapita zaka 49. Zimene mwawerenga pa intaneti, mayina atatu a ntchito ondandalikidwa pa mzere umodzi, zimapangitsa munthu kuganiza kuti ankachita zonse Lolemba lomwelo. Ayi. Munthu wa m'mwambi uja amavumbwa chifukwa akuthamanga pakati pa mapanga mvula ili mkati, osakhazikika pena. Varda ankakhala m'phanga limodzi mpaka atadziwa ngodya zake zonse, ndipo ankasamuka pokhapokha pamene chinthu chimene ankafuna kunena sichinkakwanamo. Chithunzi chinalibe nthawi ndi mawu, anapita ku filimu. Kamera yaikulu inkaopseza osauka, anatenga yaing'ono. Holo ya kanema sinkalola kunong'oneza, anapita ku chipinda cha mipando 14. Ndiye funso limene ndingakubwezereni ndi lakuti: n'chiyani chimene mwachiona pa maukwati zaka zinayi zimenezi chimene chithunzi chakanika kuchigwira? Ngati muli nalo yankho, kanema wanu wayamba kale. Ngati yankho ndi lakuti opanga mafilimu amatchuka kuposa ojambula maukwati, amalume anu akunena zoona.

Palinso nkhani ya ndalama, imene okonda Varda amaidumpha. France ili ndi bungwe la boma la mafilimu, CNC, lokhazikitsidwa mu 1946, limene limatenga kagawo pa tikiti iliyonse ya kanema n'kubwezera kwa opanga mafilimu, ndiponso mawailesi a kanema amene amagula ntchito zotere. Ngakhale ndi zonsezo, mayiyu anadandaula moyo wake wonse kuti mphoto amamupatsa koma ndalama zopangira filimu yotsatira amachita kupemphetsa. Visages Villages imene mwaonerayo ina mwa ndalama zake anasonkha ndi anthu wamba pa intaneti, ndipo mayina awo ali koyambirira kwa filimuyo. Chimene chinamupulumutsa ndi kakampani kaja ka 1954. Mafilimu ake ambiri anali akeake, ankaedita pa msewu womwe ankakhala, ankagulitsa ma DVD ake pomwepo, ndipo mwana wake Rosalie anadzatenga udindo woyendetsa ntchitoyo. Chisakasa cha matepi chija anatha kuchimanga chifukwa matepiwo anali m'manja mwake. Inu mafayilo a zithunzi zanu mumasunga kuti, ndipo mumagwirizana chiyani ndi eni ukwati pa za kuzigwiritsanso ntchito?

Filimu mwaonerayo ndi ya 2017, ndipo mnyamata wamagalasi uja ndi JR, wobadwa mu 1983, amene ntchito yake ndi kumata zithunzi zikuluzikulu pa makoma a mizinda. Pamenepo maso a Varda anali atayamba kufooka, n'chifukwa chake muli zambiri za kuona ndi kusaona. Mukukumbuka chithunzi cha Guy Bourdin, mnzake wa pa unyamata amene anamujambula mu 1954, chimene anachimata pa chinyumba cha konkire cha asilikali a Germany chogwera pa gombe ku Normandy? M'mawa mwake anapeza nyanja yachichotsa chonse. Tsopano mwadziwa kuti chithunzicho ndi cha chaka chomwe cha mbuzi yakufa ija ndi cha La Pointe Courte, ndiye mukaoneranso mudzaona kuti m'mphindi zochepa zimenezo muli wojambula zithunzi wa zaka 26, woyala zionetsero, ndi wopanga mafilimu wa zaka 88 amene akujambula khoma lopanda kanthu. Filimuyo inapikisana nawo pa ma Oscar iye ali ndi zaka 89. Anali atalandira kale mphoto yaulemu ya Palme d'or pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes mu 2015, ndi Oscar yaulemu mu November 2017, mayi woyamba wotsogolera mafilimu kupatsidwa imeneyo. Filimu yomaliza, Varda par Agnès, anaionetsa ku Berlin mu February 2019, ndipo anamwalira ndi khansa pa 29 March chaka chomwecho ali ndi zaka 90. Anaikidwa ku manda a Montparnasse pamodzi ndi Demy, ndipo anthu opita kumandako amasiyapo mbatatesi.

Poyambira, ine ndingati Les Glaneurs et la glaneuse, chifukwa kamera imene anagwiritsa ntchito ndi yofooka kuposa foni imene mwandilemberapo imeloyi, ndiye simudzakhala ndi chonamizira. Kenako Cléo de 5 à 7. Les Plages d'Agnès ya 2008, momwe akusimba moyo wake yekha ndipo anathira mchenga pa rue Daguerre n'kuikapo madesiki a ofesi yake, muisunge mpaka mutaonera zinayi kapena zisanu, idzakoma kwambiri. La Pointe Courte ikhale yomaliza, ndipo muiwonere masana.

Koma Ulysse muifunefune msanga, ndi ya mphindi pafupifupi 20 zokha. Mukaonera, tsegulani mafayilo a ukwati woyamba umene munajambula zaka zinayi zapitazo. Musasankhe chithunzi cha akwati akudula keke. Sankhani china chimene munangojambula mwangozi, cha azakhali atakhala pambali nsapato atavula, kapena cha mwana wogona pa mulu wa mphatso. Mukachitsukitse, mupite nacho kwa anthuwo, mupemphe chilolezo, muyatse foni, muwafunse chimene akukumbuka za tsikulo. Loweruka mukajambule ukwati wanu monga mwa nthawi zonse, amalume asadandaule. Mukadzabwerako mundilembere, ndikufuna kudziwa ngati azakhaliwo adzakumbuke chifukwa chimene anavulira nsapato.